Magazi m'thewera la khanda loyamwa: tisathamangire kuimba bere mlandu

Pali zinthu zochepa zimene zimaziziritsa mayi nkhongono ngati kuona magazi m'chimbudzi cha khanda lake. Mwanayo sanalawepo phala, sanamwepo madzi, chakudya chake ndi bere lokha. Nanga magaziwo achokera kuti? Pakhomo pamayamba kumveka malangizo osiyanasiyana. Wina amati mkaka wa mayi wawonongeka, mwana amuletse kuyamwa. Wina amati amumwetse mankhwala azitsamba. Winanso amati agule mkaka wa m'chitini. Ambiri a ife tili ndi alongo, alamu ndi anzathu a mumpingo amene akulera makanda, ndipo tsiku lina funso lotereli lidzafika kwa ife chifukwa anthu amati ndife opita kusukulu. Yankho limene tidzapereke likhoza kuteteza mwanayo kapena kumuika pangozi.

M'phunziro lino tiona chimodzi mwa zinthu zimene zimabweretsa magazi m'chimbudzi cha khanda looneka lathanzi. Ili ndi vuto limene madokotala amalitchula kuti allergic proctocolitis, kutanthauza kutupa kwa kumapeto kwa thumbo lalikulu chifukwa cha chakudya chimene chikumuwenga mwana. Tiona mmene limayambira, mmene tingalisiyanitsire ndi matenda oopsa, zimene achipatala amachita, ndiponso chifukwa chake mankhwala ake amapezeka m'mbale ya mayi, mwana akupitiriza kuyamwa.

Vutoli limaoneka bwanji

Nthawi zambiri limayamba mwana ali ndi milungu yochepa chibadwire, makamaka m'miyezi iwiri yoyambirira, ngakhale kuti likhoza kuyamba nthawi iliyonse mwana asanakwanitse miyezi 6. Mayi amaona timizere kapena timadontho ta magazi ofiira tosakanikirana ndi chimbudzi, kawirikawiri pamodzi ndi zonanda ngati mamina. Magaziwo amakhala ochepa. Akhoza kuoneka lero, osaoneka mawa, n'kudzaonekanso mkuja.

Chodabwitsa n'chakuti mwanayo amaoneka bwinobwino. Amayamwa ndi mphamvu, amagona, amayang'ana uku ndi uku, ndipo kusikelo mzere wa kulemera kwake umakwera monga mwa masiku onse. Satentha thupi. Ena amavutika pang'ono pochita chimbudzi, ena amachulukidwa mpweya m'mimba kapena amachita chimbudzi pafupipafupi, ndipo ena amakhala ndi zidzolo zoyabwa pakhungu. Mfundo imeneyi tiisunge: vuto limene tikuphunzirali ndi la mwana amene, kupatula magaziwo, ali bwino. Mwana wofooka, wotentha thupi kapena wosayamwa ali ndi nkhani ina, ndipo tiifotokoza kutsogoloku.

Mmene linadziwikira

 Mu 1982 dokotala wa ana Alan Lake ndi anzake a ku America anafotokoza za makanda 6 amene ankayamwa bere lokha ndipo anayamba kutuluka magazi m'mwezi woyamba wa moyo wawo. Atawapima sanapeze tizilombo toyambitsa matenda, koma anapeza kuti kumapeto kwa thumbo lawo kunali kotupa. Zinadziwika kuti gwero la kutupako linali mapuloteni a m'zakudya zimene amayi awo ankadya, amene ankafika kwa mwana kudzera mu mkaka wa m'mawere.

Mu 2000 Lake yemweyo analembanso za makanda oyamwa 95 amene anali ndi vutoli. Mwa iwo, pafupifupi 65 pa 100 aliwonse ankawengedwa ndi mkaka wa ng'ombe umene mayi ankamwa, 19 pa 100 ankawengedwa ndi mazira, 6 pa 100 chimanga, ndipo 3 pa 100 soya. Akafukufuku ena apeza kuti soya amawenga makanda ochulukirapo kuposa pamenepa, koma onse amagwirizana pa chinthu chimodzi: mkaka wa ng'ombe ndiwo uli patsogolo.

Tisaganize kuti makanda ambiri oyamwa amakumana ndi zimenezi. Mumzinda wa Odense ku Denmark, madokotala anatsatira makanda 1,749 amene anabadwa mu 1985. Mwa onsewa, 9 okha ndi amene anaonetsa zizindikiro zowengedwa ndi mkaka wa ng'ombe adakali pa bere lokha. Apa ndiye kuti mwana mmodzi pa ana pafupifupi 200. Choncho palibe chifukwa choti mayi aliyense woyamwitsa azisala mkaka kapena mazira poopa zimene sizinachitike. Kusala koteroko sikunapezeke kuti kumateteza mwana, ndipo kumangomana mayi chakudya.

Chimachitika n'chiyani m'thupi

Mayi akamwa tiyi wa mkaka, m'mimba mwake mapuloteni a mu mkakawo amagayidwa. Ambiri amagayika kotheratu, koma tizidutswa tochepa kwambiri timalowa m'magazi tisanagayike bwino, ndipo patapita maola ochepa timapezeka mu mkaka wa m'mawere. Umboni wake ndi puloteni yotchedwa beta-lactoglobulin. Imeneyi imapezeka mu mkaka wa ng'ombe koma thupi la munthu silimaipanga, choncho ikapezeka mu mkaka wa mayi timadziwa kuti yachokera m'chakudya chake.

Izi zimachitika kwa amayi ambiri ndipo sizivuta. Matumbo a khanda ali ndi chitetezo chimene chimakhala chikuphunzira kusiyanitsa mdani ndi chakudya. Kwa ana ambiri, tizidutswa timeneti timalandiridwa ngati mlendo wabwino. Koma kwa ana ochepa chitetezocho chimasokonezeka, n'kuyamba kulimbana ndi puloteniyo ngati kuti ndi kachilombo. Maselo oyera a m'magazi otchedwa eosinophil amaunjikana m'khungu lam'kati la kumapeto kwa thumbo. Khungulo limatupa, limatulutsa zonanda, ndipo limasupuka mosavuta chimbudzi chikamadutsa. Apo ndi pamene pamachokera timizere ta magazi tija. Popeza malowo ali pafupi ndi kotulukira, magaziwo amatuluka adakali ofiira.

Kuwengedwa ndi chakudya kulipo kwa mitundu iwiri. Mtundu woyamba ndi wachangu: munthu akangodya, pasanathe maola awiri amatuluka ziwengo, milomo imatupa, mwina mpaka kubanika. Umenewu umayendetsedwa ndi asilikali a m'magazi otchedwa IgE. Mtundu wachiwiri ndi wapang'onopang'ono, umaoneka patapita maola ambiri kapena masiku, ndipo IgE satengapo mbali. Vuto lathuli ndi la mtundu wachiwiri. N'chifukwa chake kupima magazi kapena khungu kofufuza IgE kawirikawiri sikusonyeza kanthu kwa makanda amenewa. N'chifukwa chakenso mayi sangadziwe msanga chakudya cholakwa, popeza magazi a lero akhoza kukhala ochokera ku chakudya cha dzulo kapena dzana.

Tisasokoneze ndi kulephera kugaya shuga wa mu mkaka

Akuluakulu ambiri kuno kwathu akamwa mkaka wambiri m'mimba mumawawira, mumadzaza mpweya, mwina amatsekula. Uku ndi kulephera kugaya lactose, amene ndi shuga wa mu mkaka. Ndi vuto la kagayidwe ka chakudya, silikhudza chitetezo cha m'thupi, ndipo silibweretsa magazi. Makanda obadwa pa nthawi yake amabadwa okonzeka kugaya lactose, chifukwa mkaka wa m'mawere uli ndi lactose wambiri kuposa wa ng'ombe: pafupifupi magalamu 7 pa mamililita 100 aliwonse, pamene wa ng'ombe uli ndi magalamu osakwana 5. Lactose ameneyu amapangidwa m'bere momwemo, sachokera m'chakudya cha mayi.

Kusiyanitsa kumeneku n'kofunika pogula zinthu. Mkaka wolembedwa kuti lactose free wachotsedwa shuga yekha, mapuloteni onse alimo. Mayi amene wauzidwa kuti asale mkaka chifukwa cha mwana sangathandizike ndi mkaka wotere.

Choyamba ndi kuchipatala

Magazi m'chimbudzi cha khanda amabwera ndi zinthu zambiri, zina zazing'ono, zina zakupha. Palibe mmodzi wa ife amene angazisiyanitse pongoyang'ana thewera. Khanda lililonse limene laoneka magazi m'chimbudzi liyenera kuonedwa ndi achipatala, ndipo ngati silinakwanitse miyezi iwiri lipite tsiku lomwelo.

Zina mwa zimene achipatala amafufuza ndi izi. Kang'alu kakang'ono pakhomo pa kotulukira chimbudzi kamabweretsa kamzere ka magazi kunja kwa chimbudzi. Mwana akhoza kumeza magazi a mayi ngati nsonga za mawere zang'ambika, ndipo magazi oterowo amatuluka akuda kapena amaoneka m'masanzi. Kamwazi, amene amayamba ndi tizilombo, amabwera ndi kutsekula, kutentha thupi ndi kufooka. Kuchepa kwa vitamini K kumachititsa magazi kusaundana, makamaka kwa mwana amene sanabayidwe jekeseni wa vitaminiyu atangobadwa. Pali matenda otupitsa ndi kuoletsa matumbo amene amagwira kwambiri ana obadwa masiku asanakwane. Palinso kulowerana kwa matumbo, pamene chigawo china cha thumbo chimalowa m'chinzake, komanso kupotana kwa matumbo. Ziwiri zomalizazi zimafuna thandizo m'maola ochepa, nthawi zina opaleshoni.

Zizindikiro zotsatirazi zikaoneka, tisadikire kuti kuche, ndipo tisayambe kukambirana za zakudya za mayi:

1. Mwana akukana kuyamwa kapena akuyamwa mofooka.
2. Thupi latentha, kapena lazizira modabwitsa.
3. Akusanza zobiriwira ngati ndulu, kapena akusanza chilichonse chimene wayamwa.
4. Mimba yatupa ndipo yauma gwa.
5. Akulira mokuwa mwa apo ndi apo, akupinda miyendo, kenako n'kukhala lefu.
6. Magazi ndi ambiri, ali ndi mibulu, kapena chimbudzi chada bii ngati phula masiku oyamba a moyo atadutsa kale.
7. Akutuluka magazi pamchombo, m'kamwa kapena pamene anabayidwa jekeseni.
8. Wayezuka m'manja ndi m'zikope, liwombo lalowa, akugona osadzutsika, akupuma mothamanga kapena wakomoka.

Mwana amene alibe chilichonse mwa izi, amene akukula bwino ndipo achipatala amupima osapeza chifukwa china, ndiye amene amaganiziridwa kuti chakudya chikumuwenga. Popita kuchipatala tinyamule buku la kusikelo, ndiponso thewera la magazilo kapena chithunzi chake chojambula pa foni. Zimathandiza wopima kuona mtundu ndi kuchuluka kwa magazi.

Kusala, kenako kubwezera

Palibe chipangizo chopimira chimene chimanena motsimikiza kuti mwana ali ndi allergic proctocolitis. Chimene chimatsimikiza ndi kuyesa, ndipo kuyesako kuli ndi magawo awiri.

Gawo loyamba ndi kusala. Mayi amasiya mkaka wa ng'ombe ndi zonse zopangidwa nawo kwa milungu iwiri mpaka inayi, uku akuyamwitsa monga mwa nthawi zonse. Ngati mkaka ndiwo unkawenga mwana, magazi ooneka ndi maso kawirikawiri amasiya pa masiku atatu kapena anayi, ngakhale kuti kwa ana ena zimatenga mpaka milungu iwiri. Kuona maso a nkhono n'kudekha: mayi asagwe ulesi tsiku lachiwiri n'kunena kuti sizikuthandiza.

Gawo lachiwiri ndi kubwezera, ndipo ili ndi limene ambiri amaliiwala. Magazi akasiya, mayi amayambanso kumwa mkaka monga kale, motsatira malangizo a achipatala. Magazi akabwerera m'masiku ochepa, ndiye kuti mkaka ndiwodi wolakwa. Akapanda kubwerera, ndiye kuti anasiya okha ndipo mayi alibenso chifukwa chosalira.

N'chifukwa chiyani mayi abwezere chakudya chimene mwina chinkavutitsa mwana wake? Yankho lili m'kafukufuku wa ku Finland amene anasindikizidwa mu 2006. Madokotala anatsatira makanda 40 amene ankatuluka magazi m'chimbudzi. Ena anawachotsera mkaka wa ng'ombe, ena ayi. Anapeza kuti kuchotsa mkakako sikunafupikitse nthawi ya kutuluka magazi pa gulu lonselo, ndipo atayesa kubwezera, makanda 7 okha mwa 40 ndi amene anapezekadi kuti amawengedwa ndi mkaka. Kwa ambiri magazi anatha okha. Tiganizire mayi amene wasala mkaka Lolemba, magazi n'kusiya Lachisanu. Akapanda kuyesa kubwezera, adzakhulupirira kuti mkaka ndiwo unali vuto, adzasala miyezi yambiri, ndipo mwanayo adzakula akumanidwa chakudya chimene sichinamulakwire. Pa chifukwa chomwechi, madokotala ena akaona kuti magazi ndi ochepa ndipo mwana ali bwino, amayamba angomuyang'anira kwa milungu ingapo asanauze mayi kusala kanthu.

Lamulo lina ndi losala chakudya chimodzi pa nthawi imodzi. Ngati mkaka wasalidwa mosamala kwa milungu yonseyo koma magazi akupitirira, achipatala akhoza kuonjezera mazira kapena soya. Mayi amene wasiya mkaka, mazira, soya, mtedza ndi nsomba tsiku limodzi sangadziwe cholakwa, ndipo afooka msanga. Tionenso kuti ngakhale chimanga chili pa mndandanda uja, ana amene chimawawenga ndi ochepa. Mayi asasiye nsima chifukwa cha mphekesera. Zimenezo zichitike pokhapokha achipatala atanena, ndiponso atakonza chimene chilowe m'malo mwake.

Mbale ya mayi

Kusala mkaka kumaposa kungosiya tiyi wa mkaka. Mkaka wa ufa, chambiko, yogati, tchizi, batala ndi ayisikilimu zonse ndi mkaka. Umabisalanso m'zinthu zogula: mabisiketi, makeke, masikono, chokoleti, buledi wina, majarini ena, ndiponso ufa wina woyeretsa tiyi umene anthu amaganiza kuti si mkaka. Tiwerenge zolembedwa pa paketi. Mawu akuti milk, milk solids, whey, casein ndi caseinate onse akusonyeza kuti mkaka ulimo. Apa ndi pamene ife odziwa kuwerenga Chingerezi tingathandize mlamu kapena mnansi wathu pogula. Kuwiritsa mkaka sikuchotsa vutoli. Mkaka wa mbuzi nawo suthandiza, chifukwa mapuloteni ake amafanana kwambiri ndi a ng'ombe.

M'mabanja mwathu ambiri amakonda soya m'malo mwa nyama, ndipo ena amamwa mkaka wa soya. Mayi amene wasala mkaka wa ng'ombe yekha akhoza kupitiriza kudya soya. Koma akaona kuti magazi sakusiya, kapena achuluka atayamba kumwa mkaka wa soya wambiri, akanene kuchipatala, popeza ana ena amene amawengedwa ndi mkaka amawengedwanso ndi soya. Ngati soya wasalidwa, m'malo mwake mulowe nyemba, nandolo, khobwe, nzama ndi mtedza, zimene zimamanga thupi mofananamo.

Mayi woyamwitsa amafunika kashiamu wokwana pafupifupi mamiligalamu 1,000 pa tsiku. Kapu imodzi ya mkaka imapereka pafupifupi 300, choncho amene anazolowera mkaka ayenera kupeza pena. Tili ndi mwayi kuti zakudya zathu zambiri zili ndi kashiamu. Usipa, matemba ndi kapenta ndi zabwino kwambiri chifukwa timadya ndi minga yomwe. Kwa amene sadya nsomba pali bonongwe, chisoso, nkhwani, mpiru, chitowe, nyemba ndi malambe. Achipatala akhoza kupereka mapilitsi a kashiamu ndi vitamini D ngati aona kuti n'kofunika.

Zimathandizanso kulemba. Kope laling'ono likhale ndi mbali ziwiri: mbali ina zimene mayi wadya tsikulo, mbali ina mmene chimbudzi cha mwana chinaonekera. Pakutha pa milungu iwiri kopelo limanena zoona kuposa kukumbukira kwa pamtima.

Chifukwa chake bere lisasiyidwe

Pano ndi pamene pagona phunziro lonseli. Banja likamva kuti chinthu cha mu mkaka wa mayi ndicho chikutupitsa matumbo a mwana, maganizo oyamba amakhala omuchotsa pa bere. Maganizo amenewa ndi oopsa pa zifukwa zitatu.

Choyamba, mkaka wa m'chitini wamba umapangidwa kuchokera ku mkaka wa ng'ombe. Mwana amene wavutika ndi tizidutswa tochepa todzera mwa mayi, tikamupatsa botolo la mkaka umenewu ndiye kuti tamupatsa puloteni yomweyo yochuluka kwambiri. Ulipo mkaka wapadera umene mapuloteni ake anaphwanyidwiratu, koma ndi wodula, supezeka paliponse, ndipo madokotala amaupereka kwa ana ochepa okha amene magazi awo achepa kwambiri kapena amene sakukula ngakhale mayi wasala mosamala.

Chachiwiri, kutupa kumene tikunenaku n'kopepuka poyerekeza ndi matenda amene bere limateteza. Bungwe loona za umoyo padziko lonse la WHO limalangiza kuyamwitsa mwakathithi kwa miyezi 6, ndi kupitiriza kuyamwitsa mpaka zaka ziwiri kapena kuposerapo pamodzi ndi zakudya zina. Mu 2000 gulu la akatswiri a bungweli linaphatikiza zotsatira za kafukufuku wa m'maiko osauka ndipo linapeza kuti makanda osakwana miyezi iwiri amene sankayamwa ankamwalira ndi matenda opatsirana, monga kutsekula m'mimba ndi chibayo, pafupifupi kasanu ndi kamodzi kuposa anzawo oyamwa. Kumene madzi aukhondo ndi nkhuni zowiritsira mabotolo n'zovuta kupeza, ngoziyi imakula. Kuchotsa mwana pa bere chifukwa cha timizere ta magazi kuli ngati kuthawa mvula n'kukagwera mumtsinje.

Chachitatu, bere likasiyidwa kwa masiku angapo mkaka umayamba kuphwa, ndipo kuubwezeretsa kumavuta. Banja limene linati lingoyesa botolo kwa sabata imodzi limapezeka likugula zitini mwezi ndi mwezi, ndalama zikachepa n'kuyamba kuchulutsa madzi, mwana n'kuyamba kunyentchera.

Pa zifukwa zomwezi, khanda losakwana miyezi 6 lisapatsidwe madzi, phala lamadzimadzi kapena mankhwala azitsamba pofuna kutsuka m'mimba. Thumbo lotupa silifuna zinthu zachilendo zina. Mayi amene ali ndi kachilombo ka HIV apitirize kumwa ma ARV mokhulupirika ndi kuyamwitsa mwakathithi, ndipo chilichonse chokhudza kusintha kadyetsedwe ka mwana akambirane kaye ndi achipatala, chifukwa kusakaniza bere ndi zakudya zina m'miyezi yoyambayi kumaonjezera mpata wopatsira mwana kachilomboko.

Mayi sanalakwe

Pa chikhalidwe chathu khanda likadwala, maso amatembenukira kwa makolo, makamaka mayi. Ena amati ndi tsempho, kutanthauza kuti wina m'banjamo sanadzisunge. Ena amati mayi anadya zosayenera, kapena mkaka wake ndi woipa. Mawu otere apasula mabanja, ndipo achedwetsa ana ambiri kufika kuchipatala pamene akuluakulu akufunsana za wolakwa. Zimene taphunzira zikusonyeza kuti mayi anadya chakudya chabwino chimene amayi ena ambirimbiri amadya popanda vuto. Mkaka wake ndi wabwino, umboni wake ndi woti mwanayo akunenepa nawo. Chimene chasokonezeka ndi chitetezo cha m'matumbo a mwana chimene sichinakhwime, ndipo chidzakhwima.

Kusala chakudya uku ukuyamwitsa usiku ndi usana si ntchito yapafupi. Mayi amakhala ndi njala kawirikawiri, ndipo ngati m'nyumba muli mkaka ndi mazira zokha monga zakudya zomanga thupi, kumuletsa zimenezi popanda cholowa m'malo ndi kumuzunza. Bambo aonetsetse kuti usipa, nyemba ndi ndiwo zamasamba zilipo. Agogo ndi apongozi amve kufotokoza kwa achipatala ndi makutu awo, chifukwa pakhomo mawu awo ndi amene amamveka. Ife tikamakonza chakudya cha pa misonkhano kapena tikamakaona mwana watsopano, tifunse ngati pali chimene mayi akusala, ndipo tisamukakamize kuti kapu imodzi ya tiyi wa mkaka siingalakwe kanthu.

Kodi zimatha liti

Nkhani yabwino ndi yakuti vutoli limatha lokha. Ana ambiri amayamba kulandira mkaka wa ng'ombe popanda vuto akamakwanitsa chaka chimodzi, ena asanafike n'komwe pamenepo, ndipo ochepa okha ndi amene amapitirira. Silisiya chilema m'matumbo. Nthawi yoyesanso imasankhidwa ndi achipatala, kawirikawiri mwana ali pakati pa miyezi 9 ndi 12. Poyamba mayi ndiye amayamba kumwa mkaka pang'ono, kenako mwana amapatsidwa zakudya zokhala ndi mkaka pang'onopang'ono, uku makolo akuyang'ana matewera.

Mwana akakwanitsa miyezi 6 ayambe zakudya zina monga mwana aliyense. Palibe chifukwa chomuchedwetsera mtedza, nsomba kapena mazira ngati sizinapezeke kuti zimamuwenga. Chosalidwa chikhale chokhacho chimene chinatsimikizika. Ngati chinali soya, tikumbukire kuti likuni phala limapangidwa ndi chimanga ndi soya, choncho mayi afunse alangizi a zaumoyo za phala lina, monga la mgaiwa lothira nsinjiro. Chakudya chatsopano chiziperekedwa chimodzi pa nthawi. Mwana akasanza mobwerezabwereza patapita ola limodzi mpaka maola anayi atadya, n'kuyezuka ndi kulefuka, kapena akatupa nkhope ndi kubanika, umenewo ndi mtundu wina wa kuwengedwa umene ndi woopsa, ndipo athamangire naye kuchipatala.

Pa nthawi yonseyi mwana asaphonye kusikelo ndi katemera. Mzere wa kulemera ndiwo umatiuza ngati zinthu zikuyenda. Ukaima kapena kutsika, kapenanso magazi akapitirira mwezi wathunthu mayi akusala, abwererenso kuchipatala kuti akamupime kuchuluka kwa magazi ndi kufufuza zifukwa zina.

Mafunso okambirana

1. Fotokozani m'mawu anuanu njira imene puloteni ya mu mkaka wa ng'ombe imadutsa kuchokera m'kapu ya mayi mpaka kukatupitsa thumbo la mwana.
2. Tchulani zizindikiro zisanu zimene zikusonyeza kuti mwana wotuluka magazi ayenera kupita kuchipatala nthawi yomweyo.
3. Kodi kuwengedwa ndi mkaka kumasiyana bwanji ndi kulephera kugaya lactose? N'chifukwa chiyani mkaka wa lactose free ndi mkaka wa mbuzi sizithandiza?
4. Makanda 7 okha mwa 40 a ku Finland ndi amene anapezekadi ndi vutoli. Zimenezi zikutiphunzitsa chiyani za kufunika kobwezera chakudya chimene chinasalidwa?
5. Konzani chakudya cha tsiku limodzi, kuyambira m'mawa mpaka madzulo, cha mayi woyamwitsa amene akusala mkaka ndi soya, pogwiritsa ntchito zimene zimapezeka pamsika wa kwanu.
6. Agogo a mwana akunena kuti mkaka wa mpongozi wawo wawonongeka ndipo mwana amuletse kuyamwa lero lomwe. Mungawayankhe bwanji mwaulemu, kuti mwana apitirize kuyamwa ndiponso afike kuchipatala tsiku lomwelo?